Mapazi a Mfumu Mwandiona

Dziko la Sitidandaula silipezeka pa mapu amene tinkajambula m'kalasi, ndiye musavutike kulifunafuna. Ine ndangolemba zimene zimakambidwa, poti kuyankhula pagulu kumandiumitsa pakamwa.

M'dzikomo munali mfumu, dzina lake Mwandiona Wachitatu. Inali mfumu yokonda anthu ake, makamaka akandanda m'mbali mwa msewu. Inkakondanso makanema. Chovuta chinali lamulo lina lakale, loti kanema akakwinyitsa nkhope ya mfumu, kamera imene yamujambula izisinjidwa mu mtondo pabwalo, anthu akuona. Panali amayi awiri olembedwa ntchito imeneyi, ndipo mikono yawo inkachititsa manyazi osula makasu. Pofika chaka chimene ndikunenachi, ojambula onse a boma anali atayamba kuweta nkhuku.

Tsiku lina mfumu inamva kuti ufumu woyandikana nawo wa Atiposa walandira chikho kunja chifukwa cha kanema. Inaitanitsa nduna zonse m'mawa, zina zisanasukusule n'komwe.

"Chikhocho n'chachikulu bwanji?" inafunsa.

"N'kachikho chabe, Mfumu yanga," anayankha a Chimbalanga, Nduna ya Zooneka ndi Zomveka. "Simungamweremo ngakhale thobwa."

"Ndikuchifuna."

Nduna zonse zinaomba m'manja, kenako zinafunsana ndi maso kuti zaombera chiyani.

A Chimbalanga anafotokoza kuti iwo afufuza kale. Zikho zotere sapatsa makanema a boma. Amapatsa wojambula wodziimira payekha, amene salamulidwa ndi munthu aliyense.

"Ndiye mupezeni wosalamulidwayo," inatero mfumu, "mumuuze zochita."

Wosalamulidwa analipo mmodzi yekha m'dziko lonse, mwina chifukwa panalibe amene anakumbukira kumulamula. Dzina lake anali Lisineti Kachingwe, ndipo ankakhala kuseri kwa msika wa Tangoonani, mu mzinda waukulu wa Ombanim'manja. Kamera yake anamusiyira ndi malemu amalume ake. Inali yakale, kachitseko ka batire komangidwa ndi mphira wa chubu cha njinga, ndipo ina analibe.

Ntchito yake yoyamba inali pa chinkhoswe, akadali mtsikana. Akuluakulu a mbali zonse ziwiri anali atakhala pa mipando, ndipo iye anaona kuti n'chipongwe kuima pamaso pawo. Anagwada, n'kukhazika kamera pa bondo. Kanema atatuluka, munali mapazi okhaokha. Eni chinkhoswe anakwiya n'kumutchula mayina amene sindingalembe pano. Koma ataonera kachiwiri anasiya kumutukwana, chifukwa phazi la mwamuna wa chinkhoswecho linali kusisita phazi la mtsikana woperekeza mkazi, kuyambira pemphero lotsegulira mpaka lotsekera. Banjalo silinaone mvula yachiwiri.

Kuyambira pamenepo Lisineti sanadzukenso. Ankajambula atagwada, osauza munthu kuti aseke, osaika nyimbo, ndipo kudula kanema ankakuopa ngati kudula chala. Anajambula mapazi a amayi pa mzere wa pa mjigo. Anajambula mapazi a odwala pakhomo la chipatala chotseka, akubwera, akuima, akubwerera. Makanemawa ankaonetsedwa m'kashedi ka pamsika masiku amene kunalibe mpira. Oonera ena ankatuluka kanema ali pakati, akuti sanabwere kudzaonera zikang'a. Ena ankabweranso mawa lake. Akamufunsa chifukwa chojambulira choncho, ankayankha akuyang'ana pansi: "Nkhope imaphunzira bodza mwana asanayambe sukulu. Phazi palibe analiphunzitsa."

A Chimbalanga anali asanaonerepo kanema wake ngakhale mmodzi. Anangomva kuti ndi mayi wofatsa, ndipo kufatsa ndi kumene boma limakonda mwa munthu womasuka. Anafika pamsika ndi galimoto, n'kumupeza atakhala pa benchi ya Anagama, mayi wachikulire wogulitsa zitumbuwa.

"Ndinu mayi Kachingwe ojambula aja?"

"Ndine, bwana."

"Mwachita mwayi. Boma lakusankhani kuti mukhale omasuka. Mujambula Ulendo wa Chitukuko wa mfumu mmene mukufunira inuyo. Ndipo zimene mukufuna ndi izi: nkhope ya mfumu ikumwetulira, anthu akuvina, madzi akutuluka."

"Nanga nditakana, bwana?"

"Wokana amakwinyitsa nkhope ya mfumu asanajambule n'komwe. Mtondo ndi womwewo, mayi."

Galimoto itachoka, Anagama anatembenuza chitumbuwa m'chiwaya.

"Mwanawe, kamera yakoyo uiphikire kankhuku. Uitsanzike bwinobwino."

"Musatero, Anagama."

"Ndiye mvera ine. Jambula mano. Mano a mfumu ndi ambiri, akwana kanema yense. Za mapazi zakozo uzisiye kuno ndikusungire."

Ndikanakonda kulemba kuti Lisineti anakana malangizowa molimba mtima, koma sizinatero. Anawamvera. Anakabwereka miyendo itatu yoimikirapo kamera kwa mmodzi wa oweta nkhuku aja, n'kutha masiku akuphunzira kujambula nkhope za anthu pamsika. Akuti zinali nkhope zabwino ndithu.

Ulendo unayambira m'boma la Dikirani. Lisineti anaimika kamera yake m'mwamba ngati ojambula enieni. Mfumu isanatsike m'galimoto, anangomva ndodo ikugogoda mwendo umodzi wa choimikiracho. Anali a Kalilangwe, Mkulu wa Mwambo wa Kunyumba ya Mfumu, nkhalamba yowonda imene inkadziwa kuti munthu ayenera kutsokomola kangati pamaso pa mfumu.

"Ichi n'chiyani?"

"Ndi kamera, agogo."

"Ili ndi diso?"

"Lilipo."

"Diso la munthu wamba limaona mfumu lili pansi pa bondo la mfumu. Chinthuchi chinabadwira ku banja lachifumu?"

"Ayi, agogo. Koma ndikaitsitsa, nkhope ya mfumu siioneka."

"Mwana wanga, nkhope ya mfumu imaoneka paliponse, ngakhale pamene palibe. Gwada."

Lisineti anayang'ana kumene kunali a Chimbalanga kuti amuthandize. Iwo anali kukonza tayi pa galasi la galimoto, ndipo anangomukupizira dzanja kuti amvere akuluakulu. Anagwada, n'kukhazika kamera pa bondo.

Anagwada choncho ku Dikirani, ku Zikubwera, ku Mawa ndi ku Tinamvakale. Mfumu inatsegulira msewu, mjigo ndi nyumba ya ana amasiye, ndipo kwina inatsegulira mwala wosonyeza pamene padzakhale mwala wa maziko. Paliponse anthu anavina, nthungululu zinalira, ndipo kamera inaona zimene inaona.

Atabwerera kunyumba, Lisineti anaonera zonse pa laputopu, n'kugwira pakamwa. Anayamba kudula malo oopsa. Atamaliza, panatsala kanema wosakwana nthawi yophitsira tiyi, ndipo m'menemo munali udzu ndi matayala a galimoto. Kanema wotere akanakwinyitsa ngakhale nkhope ya khanda. Anabwezeramo zonse. Anadzilimbitsa mtima kuti dziko lili ndi Bungwe Loyeza Makanema, anthu ophunzira, odziwa choopsa ndi chosaopsa. Adule okha.

Bungwelo linamulandira mwaulemu. A Chimbalanga ndiwo anali wapampando. Lisineti atalumikiza mawaya, mamembala onse anadzuka, n'kutembenuza mipando yawo, n'kuyang'ana kukhoma.

"Bwana, kanema ali kuno," anatero Lisineti.

"Tikudziwa, mayi. Koma m'dziko muno palibe amene amalawa chinthu mfumu isanalawe. Ife timayeza ndi makutu."

"Bwana, chonde, mungotembenuka pang'ono. Muli zina zoti..."

"Mukufuna tichite mwano? Yatsani."

Anayatsa. Bungwe linamva mfumu ikulankhula, anthu akuimba, madzi akukhuthukira m'ndowa. Mayi wina wa m'bungwemo anapukuta misozi. Pomaliza onse anagwirizana kuti sanamvepo kanema wokongola chonchi, ndipo analamula kuti pasadulidwe kanthu.

"Wamva bwanji?" anafunsa Anagama madzulo ake.

"Avomera."

"Aona?"

"Amva."

Anagama anamupatsa chitumbuwa chaulere, chinthu chimene sanachitepo chiyambire malonda awo.

Tsiku loonetsa linafika. M'chipinda chachikulu cha kunyumba ya mfumu anatchinga mazenera ndi mabulangete, n'kupachika chinsalu choyera. Mfumu inakhala kutsogolo. Nduna zinakhala cham'mbali, pamene zikanatha kuona nkhope ya mfumu, poti iwo kanema weniweni ankaonera pamenepo. Pakhomo panali mtondo, ndipo amayi awiri aja anaima ndi minsi yawo, atamanga zitenje m'chiuno. Kamera anaiika pa mkeka pafupi ndi mtondo kuti isavutike ndi ulendo. Lisineti anagwada pambali pake.

Kanema anayamba ndi kapeti yofiira. Nsapato zakuda zonyezimira zinkayenda pamwamba pake mwaulemu. Kenako panaoneka mapazi anayi opanda nsapato akuthamanga, kupinda kapeti kumbuyo n'kukaiyala kutsogolo, poti kapetiyo inali imodzi ndipo inali yaifupi. Mawu a mfumu anamveka: "Msewu uwu ukafika mpaka kumalire!" Nsapato zija zinaima pamene tala anathera. Kutsogolo kwake nkhuku inali kusamba m'fumbi.

Nduna ina inatsokomola kuposa mmene a Kalilangwe amalolera.

Kenako kunabwera mjigo wa ku Zikubwera. "Madzi ndi awa!" inatero mfumu ya m'kanema, ndipo madzi anamvekadi. Koma pansi pa chinsalu chimene anakutira kuseri kwa mjigo panaoneka mapazi a amayi atatu atanyanyamphira, akutsanulira zidebe mu paipi. M'gulu la ovina munali phazi lina lokulungidwa kansanza kabuluu pa chala chachikulu. Phazilo linavina ku Dikirani, linatsika lole ku Zikubwera, linavinanso ku Mawa, ndipo pofika ku Tinamvakale linali kutsimphina.

Choopsa kwambiri chinali ku nyumba ya ana amasiye. Mfumu ikulankhula za chifundo, kamera inali kuona pansi pa tebulo la akuluakulu. Nduna zina zinali zitavula nsapato, masokosi obooka ali poyera. Ndipo katoni ya mafuta ophikira, imodzi mwa mphatso za anawo, inkayenda yokha pansi pa tebulo, phazi kupatsira phazi, mpaka inafika pa nsapato zofiirira zosongoka, zimene zinaikankhira kwa dalaivala. Aliyense m'chipindamo anayang'ana pansi. A Chimbalanga anabweza mapazi awo kunsi kwa mpando pang'onopang'ono.

Amayi a mtondo analavulira m'manja.

"Imitsani!" inakuwa mfumu.

Kanema anaima. Pa chinsalu panali mapazi awiri onenepa, eni ake atavula nsapato kuti apume, zala zikusewera pa kapeti. Lisineti anaika dzanja pa kamera yake, monga amachitira mayi pa mutu wa mwana wodwala.

"Mapazi awo ndi a yani?"

A Kalilangwe anasuntha ndi maondo.

"Ndi anu, Mfumu yanga."

"Anga?"

Pano ndiyenera kunena chinthu chimene ndikuchita nacho manyazi, poti si bwino kukamba za thupi la munthu wamkulu. Chilowereni ufumu, chitukuko cha dziko chinayambira pa mimba ya mfumu, ndipo chinakula mpaka kutchinga zonse za kumunsi. Nsapato ankaiveka ndi anthu. Mfumu Mwandiona inali isanaone mapazi ake kwa zaka zambiri.

Inayang'anitsitsa chinsalu chija. Amayi a mtondo anakweza minsi.

"Kachala kakang'onoko," inatero mfumu ndi mawu otsika, "n'ka malemu mayi anga. Kopindika chomwecho." Ndipo inamwetulira, misozi ikutsikira m'masaya. "Bwezerani m'mbuyo. Ndikaonenso."

Anabwezera kanayi. Nduna zinalira nawo, ndipo a Chimbalanga analira kuposa onse. Minsi inatsika. Mmodzi wa amayi aja anadandaula chapansipansi kuti anadzuka m'mamawa pachabe.

"Kanema ameneyu aonetsedwe m'misika yonse," inalamula mfumu. "Anthu anga aone mapazi amene amawayendera."

"Mfumu yanga," anatero a Chimbalanga, "mwina tingoonetsa gawo la mapazi anu lokha..."

"Bungwe lanu silinanene kuti pasadulidwe kanthu?"

"Linatero, Mfumu."

"Ndiye mukudulanji?"

Lisineti anayamba kukulunga kamera yake m'chitenje. Koma a Chimbalanga sanakhale nduna chifukwa cha tayi yokha. Anagwada, n'kuomba m'manja katatu.

"Mfumu yanga, kamera imene yaona mapazi a mfumu, ingakajambulenso zinkhoswe? Mawa ikaona mapazi a wogulitsa makala? Chimenechi tsopano ndi chuma cha fuko. Chiikidwe m'galasi ku Nyumba ya Mbiri ya Dziko, pasapezeke wochikhudza, ndipo kiyi akhale m'khosi mwa mfumu. Mayi Kachingwe tiwapatse udindo wa Mayi wa Makanema a Fuko, azikhala pambali pake."

"Bwana, ine ndilibe ina," anatero Lisineti. Kanali koyamba kulankhula pamaso pa mfumu, ndipo mawu anatuluka ngati a mwana.

"Mwamva kudzichepetsa kwake?" anatero a Chimbalanga. Chipinda chonse chinaomba m'manja, ndipo msilikali anamulanda chitenje chija mwaulemu waukulu, ndi manja awiri.

Kanema anazungulira misika yonse. Pa Tangoonani anthu anadzaza mpaka pamwamba pa matumba a makala. Mapazi a mfumu akaoneka ankaomba m'manja monga mwa lamulo, koma katoni ikayamba ulendo wake ankaiperekeza ndi nyimbo. Mwini kansanza kabuluu anapezeka kuti ndi telala wa pamsika pomwepo, ndipo anthu anayamba kumufunsa kuti kwawo kwenikweni ndi boma liti mwa anayi aja.

"Kwathu ndi pa lole," ankayankha.

Boma silinakhale chete pa nkhani ya anthu oyenda opanda nsapato. Nduna zinakumana, ndipo zinalamula kuti kuyambira tsiku limenelo zitenje ndi mabuluku onse azifika pansi, phazi la munthu lisaonekenso poyera.

"Taonani chitukuko," anatero Anagama akumasula chitenje kuti chitsike. "Tinagona opanda nsapato, tadzuka vuto latha."

Za chikho sindinamve kuti zinatha bwanji. Ena amati kanema anatumizidwa kunja, ena amati akudikira siginecha ku Dikirani.

Lisineti anayamba ntchito yake yatsopano. M'mawa uliwonse ankavala lamba wa ulemu wa pa phewa, n'kukakhala pa mpando pambali pa bokosi la galasi. Kamera inali m'katimo, pa kapilo kofiira, mphira wa chubu uli pomwepo. Ntchito yake inali kupukuta galasi likachita fumbi. Anthu ankabwera kudzamupempha kuti akajambule chinkhoswe kapena maliro, ndipo iye ankangoloza bokosi. Manja ake ankasowa pokhala. Nthawi zina mlonda ankamupeza atagwada pakhomo, akuyang'ana m'mphepete mwa zitenje za odutsa, chala chikudina bondo lake.

Amene anayambitsa mwambo watsopano ndi Anagama. Tsiku lina anabwera ndi lichero lawo pamutu, anaima patsogolo pa galasi, n'kukweza chitenje mpaka mu akakolo.

"Jambula, mwanawe wa m'galasi. Ukauze mfumu kuti zikang'a zikupereka moni."

"Anagama, batire inatha kalekale," ananong'ona Lisineti.

"Ndakufunsa?"

Mawa lake anabwera amayi a pa mjigo. Kenako ana a sukulu, ogulitsa makala, odwala obwezedwa kuchipatala. Ankalowa mwaulemu, kuima patsogolo pa diso la kamera, kukweza nsalu pang'ono, kuonetsa phazi ili ndi ili, n'kutuluka. Panalibe lamulo loletsa kuona chuma cha fuko. Mzere unkafika mpaka kumsewu.

Masana ena mzere unaduka mwadzidzidzi, anthu n'kupatuka. Analowa a Chimbalanga. Sanapite kutsogolo kwa bokosi. Anayenda chokhulira khoma, n'kukaima kuseri kwa chipilala, n'kukodola Lisineti ndi chala.

"Mayi wa Fuko, muli bwanji?"

"Ndili bwino, bwana, kaya inu?"

"Tilipo. Ndimati ndifunse kanthu kakang'ono, pakati pa inu ndi ine." Anasuzumira bokosi lija, n'kubweza mutu msanga. "Chinthuchi n'chozimitsa, eti? Sichikujambula?"

"Mutha kutsegula muone, bwana."

"Kiyi ali m'khosi mwa mfumu. Ndipo lamulo likuti pasapezeke wochikhudza."

"Analemba ndani lamulolo, bwana?"

"Mayi, ndafunsa ndine."

Lisineti anayang'ana kamera yake. Kenako anayang'ana pansi, pamene panali nsapato zofiirira zosongoka.

"Bwana, ili yanga ndinkadziwa. Pano ndi ya boma. Ndipo zinthu za boma mukuzidziwa inu, munthu sungadziwe ngati zikugwira ntchito kapena ayi."

A Chimbalanga anamasula lamba, anatsitsa buluku mpaka linakwirira nsapato zonse, n'kuligwira ndi manja awiri m'chiuno. Anatuluka chokhwekhwereza mapazi, kudutsa mzere wonse wa anthu, ndipo anthuwo anawapatsa njira mwaulemu, aliyense atakweza chitenje chake mpaka mu akakolo.